Namwino wa Pankhondo: Akutumikira Mulungu Kapena Mkulu wa Asilikali?

Pa 23 Ogasiti 1941, patangotha miyezi iwiri asilikali a Hitler atalowa m'dziko la Soviet Union, likulu la nkhondo ku Moscow linatulutsa lamulo lonena za mphoto ya anthu onyamula ovulala. Wochotsa anthu 15 pamalo omenyanirana ankalandira mendulo. Akafikitsa 25, 40 kapena 80, ulemu unkakwererakwerera mpaka pa Order of Lenin. Koma lamuloli linali ndi kamchira kake: wovulala ankawerengedwa pokhapokha akafika ndi mfuti yake. Pakati pa ogwira ntchitoyi panali atsikana ambirimbiri, ena ongotuluka kumene kusukulu. Mtsikana ankakwawa chafufumimba zipolopolo zikulira pamwamba pake, n'kumanga bala, n'kugoneka mwamuna wolemera kuposa iyeyo pachinsalu cha tenti, n'kuyamba kukoka, mfuti ya mwamunayo ili kumsana.

Ankapulumutsa chiyani mtsikanayu, munthu kapena mfuti? Funsoli likumveka lamwano kwa munthu amene anaika moyo wake pachiswe, komabe anamwino a pankhondo eniake akhala akulimbana nalo kwa zaka zambiri. Zipembedzo zimaphunzitsa kuti kusamalira wodwala ndi ntchito ya Mulungu. Akuluakulu a asilikali nawo amadziwa bwino kuti msilikali akachira amabwerera kukawombera, ndipo anzake amalimba mtima kupita kutsogolo chifukwa akudziwa kuti akagwa alipo wodzawatola. Manja omwewo akusangalatsa mabwana awiri amene zofuna zawo n'zosiyana kutalitali.

Ntchitoyi inaphukira m'nyumba zopemphereramo. Mabuku a mbiri ya Chisilamu amakamba za Rufaida al-Aslamia, mayi wa ku Medina, amene anali ndi tenti pamzikiti momwe ankasamaliramo ovulala. Pa nkhondo ya ngalande ya m'chaka cha 627, Sa'd ibn Mu'adh atalasidwa ndi muvi pamkono, Mtumiki Muhammad analamula kuti amugoneke mutenti ya Rufaida kuti azitha kumuzonda pafupi. Ku France, gulu la masisitere limene Vincent de Paul ndi Louise de Marillac anayambitsa mu 1633 linazolowera kutsatira asilikali ndi mabandeji ndi korona, moti pamene nkhondo ya ku Crimea inabuka mu 1853, n'kudzakokeramo France ndi Britain chaka chotsatira polimbana ndi Russia, Afalansa anali kale ndi masisitere awo m'zipatala. Angerezi analibe, ndipo manyuzipepala a ku London atalemba za asilikali amene ankafa ali m'zovala zomwe anavulala nazo, manyazi anagwira boma.

Ndi mmene Florence Nightingale anafikira ku Scutari, tsidya lina la mzinda wa Constantinople, mu Novembala 1854, ali ndi amayi 38. Ena mwa iwo anali masisitere a Katolika, ena a Anglican. Iye mwini ankakhulupirira kuti Mulungu anamuitana ali ndi zaka 16, mu Febuluwale 1837. Chimene anachipeza sichinali chipatala kwenikweni: chinyumba cha asilikali chokhala pamwamba pa ngalande zotsekeka za zonyansa, makoswe, nsabwe, zidebe zosefukira m'mawodi. M'nyengo yozizira yoyamba munafa asilikali oposa 4,000, ambiri ndi kolera, kamwazi, tayifodi ndi matenda ofalitsidwa ndi nsabwe, ochepa okha ndi mabala. Akatswiri a zaukhondo atabwera kuchokera ku London mu Malichi 1855 anapeza kavalo wakufa mumpita wa madzi opita kuchipatalako.

Tsidya lina la nyanja ya Black Sea, mumzinda wa Sevastopol umene Angerezi ndi Afalansa anauzinga, munalinso amayi ovala mtanda pachifuwa. Anawatumiza ndi Elena Pavlovna wa banja lachifumu la Russia, ndipo ankagwira ntchito ndi dokotala wa maopaleshoni Nikolai Pirogov, mabomba akugwa padenga. Ena mwa iwo anafera komweko ndi matenda. Apa m'pamene nkhani imavuta. Amayi a mbali zonse ziwiri ankapemphera pemphero la Ambuye lomwelo m'mawa, kenako aliyense n'kukachiritsa anyamata oti akaphe amene mnzake wa tsidya lija wangowachiritsa.

Mmodzi mwa amene anachenjeza kuti chifundo chingathe kudyetsa nkhondo anali Nightingale yemweyo. Pa 24 Juni 1859, ku Solferino kumpoto kwa Italy, asilikali a France ndi Sardinia anamenyana ndi a Austria tsiku lathunthu, ndipo anthu masauzande ambiri anatsala ali lambalamba m'minda. Wamalonda wa ku Geneva, Henry Dunant, anafika m'tauni ya Castiglione n'kupeza tchalitchi chitadzaza ovulala. Amayi a m'tauniyo ankawamwetsa madzi ndi kuwatsuka zilonda posayang'ana yunifomu, akumati onsewo ndi abale. Zimene anaonazo zinabala Red Cross mu 1863 ndi pangano loyamba la Geneva mu 1864. Dunant ankalemekeza kwambiri Nightingale, koma mayiyu sanawombe m'manja. Maganizo ake anali akuti kusamalira asilikali ovulala ndi udindo wa boma limene lawatuma, ndipo anthu ongodzipereka akaulanda udindowo, boma limapepukidwa ndipo kuyambitsa nkhondo kumaphweka.

Mlanduwu si wopepuka, ndipo zaka zimene zinatsatira zinauwonjezera umboni. Akuluakulu a zachipatala a Soviet Union ankanyadira kuti pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, ovulala oposa 70 mwa 100 alionse anabwezedwa kunkhondo. Amenewo ndi amuna mamiliyoni, magulu athunthu a asilikali otuluka m'mawodi. Nthambi ya zachipatala ya asilikali a America siibisanso: mawu ake oyendera amanena za kusunga mphamvu zomenyera nkhondo. Ndipo zinthu zikathina, mndandanda wa kuchipatala umatha kutembenuzika. Kumudzi kapena m'tauni, wodwala kwambiri ndiye amayamba kuonedwa. Pankhondo, mkulu wa asilikali angafune kuti ayambe ndi wovulala pang'ono amene angagwirenso mfuti mawa, wovulala m'mimba adikire. Namwino akatero amakhala ngati wosula amene amawongola mkondo wopindika n'kuubweza kwa mwini wake.

Ndiye apinde manja? Mbiri yomweyo ikuyankha mosazungulira. Ku Solferino kunalibe anamwino okwanira, ndipo olemba mbiri ya Red Cross amati asilikali a France anali ndi madokotala ambiri a akavalo, powerengera, kuposa a anthu. Mafumu sanaleke nkhondo chifukwa cha zimenezo. Ku Scutari anthu ankafa mulu Nightingale asanafike, ndipo palibe nduna imene inaitanitsa asilikali kuti abwerere kwawo. Namwino akakana kupita, amene amalipira ndi mnyamata wa zaka 19 amene wagona m'matope, nduna ili phee kunyumba. Nightingale mwiniwake, nkhondo ya France ndi Prussia itayamba mu 1870, anathandiza bungwe la ku Britain lotumiza thandizo kwa ovulala a mbali zonse ziwiri, ndipo mayiko onse awiriwo anamupatsa ulemu. Mantha ake sanawataye, koma sanawalole kuti akhale chifukwa chosiyira munthu kufa.

Komabe kunena kuti kupinda manja n'koipa sikuyeretsa amene watambasula manja. Akhristu akafika apa amakonda kutchula Msamariya wachifundo, ndipo fanizolo likuthandiza mpaka penapake. Msamariya anatola munthu wa mtundu umene unkamunyoza, sanamufunse mbiri yake, sanamufunse kumene ankapita. Namwino wa pankhondo kumene wodwala wake akupita akukudziwa. Kalata yomutulutsira m'chipatala imadutsa m'manja mwake, nsapato ndi yunifomu zili pansi pa bedi. Msamariya sankalandira malipiro kwa achifwamba kapena kwa amene ankalimbana nawo, pamene namwinoyu ali ndi nambala, udindo ndi mkulu womulamula. Fanizoli silimuchotsera mtolo umenewu, ndipo amene amalalikira ngati limatero sanayimepo pafupi ndi bedi lotere.

Pali bedi limodzi lokha limene mkulu wa asilikali sapindulapo kanthu: bedi la mdani. Pamenepo m'pamene zimadziwikira ngati ntchitoyi ili ndi mwini wina kupatula gulu lankhondo.

Vera Brittain anali wophunzira pa Oxford pamene anasiya mabuku mu 1915 n'kulowa gulu la amayi odzipereka kuthandiza anamwino. Bwenzi lake lomwe analonjezana nalo ukwati, Roland Leighton, linaphedwa ndi chipolopolo cha Mjeremani mu Disembala chaka chomwecho. Mu 1917 anamutumiza kuchipatala cha asilikali ku Étaples, ku France, ndipo wodi imene anamupatsa inali ya akaidi a Chijeremani ovulala modetsa nkhawa. Tsiku ndi tsiku ankasintha mabandeji onunkha mafinya, kugwirira mitu ya anyamata osanza pambuyo pa opaleshoni, kutseka maso a amene atsirizika. Mchimwene wake Edward pa nthawiyo anali kutsogolo, ntchito yake ili yopha anthu omwewa. Chimene chinamusautsa Vera n'chakuti mabala a Ajeremani sankasiyana ndi a Angerezi, kubuula kwawo kunali kumodzimodzi, ndipo ankafa mofanana. Edward anaphedwa ku Italy mu Juni 1918.

Brittain sanatuluke m'wodi imeneyo akudana ndi unamwino. Anatuluka akudana ndi nkhondo. Analemba mbiri yake m'buku la Testament of Youth mu 1933, kenako analowa gulu la okana nkhondo iliyonse, ndipo mu 1944 anatsutsa poyera zoti ndege za Britain ndi America ziziphulitsa mizinda yathunthu ya ku Germany. Anthu anamutukwana koopsa. Munthu angatsutsane naye pa zoti Hitler akanaletsedwa bwanji popanda mfuti, ndipo kutsutsako kuli ndi mphamvu. Chimene sangakane n'chakuti maganizo akewo sanawatole m'kalasi. Anawatola pa beseni la madzi ofiira, ndipo gulu lankhondo limene linamuika m'wodiyo linadziphunzitsira lokha mmodzi mwa otsutsa ake akuluakulu.

Nkhani ya Edith Cavell ndi yovuta kuposa apa, chifukwa mbali zonse ziwiri za funsoli zinakumana mwa munthu mmodzi. Cavell, mwana wa m'busa wa Anglican wa ku Norfolk, ankatsogolera sukulu ya anamwino ku Brussels kuyambira 1907. Sanali namwino wa gulu lankhondo, koma Ajeremani atalanda Belgium mu 1914 chipatala chake chinakhala pansi pa Red Cross, ndipo anauza ophunzira ake kuti wovulala aliyense, Mjeremani kapena Mbelijiyamu, asamalidwe mofanana. Nthawi yomweyo, m'zipinda zina za nyumba yomweyo, ankabisa asilikali a Britain, France ndi Belgium n'kuwathandiza kuthawira ku Netherlands. Anathandiza pafupifupi 200. Anamugwira mu Ogasiti 1915, ndipo sanakane. Anavomeranso kuti ena mwa othawawo anamulembera makalata othokoza atafika ku England, mawu amene anamumangirira chingwe, popeza anasonyeza kuti anabweza asilikali kwa adani a Germany. Anamuwombera m'bandakucha pa 12 Okutobala 1915, ali ndi zaka 49.

Kunena zoona, Cavell anatenga mbali. Malamulo a Geneva amateteza namwino malinga ngati sakuchita zovulaza mbali inayo, ndipo kuzembetsa asilikali si kumanga bala. Iye ankaona kuti kupereka anthuwo kwa Ajeremani kukanakhala kuwapereka kuimfa, choncho kwa iye kubisa ndi kuchiza inali ntchito imodzi yopulumutsa moyo. Oweruza ake ankaona asilikali 200 amene adzabwerenso ndi mfuti. Onse awiri ankaona zinthu zenizeni. Kumupha kunali nkhanza ndiponso kupusa, koma mlandu sunali wopeka.

Usiku wake womaliza, m'busa Stirling Gahan anamupatsa mgonero m'ndende ya Saint-Gilles. Cavell anamuuza kuti, poyimirira pamaso pa Mulungu ndi pa muyaya, wazindikira kuti kukonda dziko lako sikukwanira, ndipo sayenera kusunga chidani kapena kuwawidwa mtima ndi munthu aliyense. Boma la Britain linatenga chithunzi chake n'kuchiika pa zikwangwani zoitanira anyamata kunkhondo kuti akamubwezere. Chipilala chake chimene anachivundukula pafupi ndi Trafalgar Square mu 1920 chinali ndi mawu otamanda mfumu ndi dziko, koma mawu ake omaliza aja sanalembedwepo mpaka 1924, amayi atadandaula. Izi n'zopweteka kuziwerenga. Mayi amene anafa akukana chidani anasandutsidwa nkhuni zokolezera chidani, ndipo analibenso pakamwa poti akanire.

Ena angaganize kuti kusamalira mdani kumagula chitetezo, kuti chifundo chimabwezedwa ndi chifundo. Nthawi zina zimatero, ndipo ndi pamene mapangano a Geneva amatsamira: chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Koma si malonda odalirika. Pa 14 Febuluwale 1942, ndege za Japan zinamiza sitima ya Vyner Brooke imene inkathawa ku Singapore itanyamula anamwino 65 a gulu lankhondo la Australia. Ena anafika pagombe la chilumba cha Bangka n'kuyamba kusamalira ovulala pamchenga, chizindikiro cha Red Cross chili poonekera. Pa 16 Febuluwale asilikali a Japan analamula anamwino 22 kuti alowe m'nyanja, madzi atafika m'chiuno n'kuwawombera kumsana. Anapulumuka mmodzi, Vivian Bullwinkel, chipolopolo chitamuboola m'chiuno n'kutulukira kwina. Atatuluka m'madzi anapeza msilikali wa ku Britain wovulala, Cecil Kingsley, ndipo anamusamalira m'nkhalango masiku 12, iye mwini ali ndi bala. Nkhondo itatha anakapereka umboni kukhoti la ku Tokyo. Panalibe womulamula m'nkhalangomo, panalibe mendulo, ndipo Kingsley sanabwererenso kunkhondo, pakuti anamwalira atangodzipereka kwa Ajapani.

Zinthu ngati izi n'zimene zinali m'maganizo a mayiko pamene anakumananso ku Geneva mu 1949. Pangano loyamba la chaka chimenecho limati ovulala asamalidwe posayang'ana mtundu, dziko, chipembedzo kapena ndale, ndipo chokhacho chololedwa kusankha woyamba kuonedwa ndi kukula kwa vuto lake. Limatinso munthu asazunzidwe kapena kuweruzidwa chifukwa choti anasamalira wovulala. Apa maboma anavomera papepala kuti pali malo ena mkati mwa nkhondo amene sali a nkhondo. Amaphwanya lonjezoli kawirikawiri, ndipo zipatala zikuphulitsidwabe mpaka lero. Koma namwino amene wauzidwa kuti adumphe bedi la mdani tsopano ali ndi chikumbumtima chake komanso lamulo losainidwa ndi dziko lake lomwe.

Mbali imene imaiwalika ndi yakuti nthawi zina gulu lankhondo lenilenilo linkagwiritsa ntchito bedi la mdani ngati chilango. Mu 1941 asilikali a America anavomera anamwino akuda 56 okha, ndipo pofika kumapeto kwa nkhondo analipo pafupifupi 500 mwa anamwino 59,000. Chifukwa cha tsankho sankafuna kuti asamalire asilikali achizungu a dziko lawo, choncho ambiri anawatumiza kumisasa ya akaidi a Chijeremani, monga ya ku Florence m'chigawo cha Arizona. Mayi amene anadzipereka kulimbana ndi ulamuliro wonyoza anthu akuda ankapezeka akuyeza kutentha thupi kwa asilikali a ulamuliro womwewo, ena a iwo akumunyoza pamaso. Mu Januwale 1945 Pulezidenti Roosevelt anafika popempha lamulo lokakamiza anamwino kulowa usilikali chifukwa cha kuchepa kwawo, pamene anamwino akuda masauzande ankabwezedwa pakhomo. Mabel Staupers, mtsogoleri wa bungwe lawo, anasonkhezera anthu kulemba makalata mpaka chitseko chinatsekulidwa mwezi womwewo. Ntchito imene alaliki amaitcha nsonga ya chikondi, akuluakulu awa anaiona ngati yonyozeka yoyenera anthu amene ankawanyoza. Amayiwo anaigwira bwino, ndipo kuigwira bwinoko sikuchotsa tchimo la amene anawatuma.

Ku Bastogne, m'dziko la Belgium, funso la yemwe ali mnansi linatembenuka kwina. Augusta Chiwy anabadwa mu 1921 kudera limene lero lili m'dziko la Burundi, mayi ake a ku Congo, bambo ake dokotala wa ziweto wa ku Belgium. Anali namwino wophunzira bwino, ndipo anapita kwa bambo ake ku Bastogne kukadya Khirisimasi ya 1944, masiku omwe Ajeremani anayamba kuukira m'nkhalango za Ardennes. Tauni inazingidwa. Dokotala wa asilikali a America, John Prior, anali ndi ovulala ochuluka m'chinyumba cha sitolo, wopanda mankhwala okwanira, ndipo anapempha Chiwy ndi namwino mnzake Renée Lemaire kuti amuthandize. Zipangizo zitasowa, ankadula ziwalo zowola ndi mpeni wa msilikali, mowa wa cognac ukugwira ntchito yotsukira ndi yoziziritsira ululu. Ena mwa ovulala achizungu sanafune kukhudzidwa ndi mayi wakuda. Akuti Prior anawayankha mwachidule kuti asankhe pakati pa manja a mayiyo ndi imfa.

Chiwy ankatuluka ndi galimoto kukatola ovulala pamene pankamenyedwa nkhondo, atavala yunifomu ya asilikali a America chifukwa zovala zake zinali zitanyowa magazi, chinthu chimene chikanamuphetsa Ajeremani akanamugwira. Madzulo a 24 Disembala bomba linagwera pachipatalacho n'kupha Lemaire pamodzi ndi ovulala pafupifupi 30. Chiwy, amene anali m'nyumba yoyandikana nayo, anaponyedwa ndi mphamvu ya bombalo koma anadzuka n'kupitiriza ntchito mpaka asilikali a America aja atachoka. Lemaire anatchuka ngati mngelo wa ku Bastogne. Za Chiwy panalibe wokamba, ndipo iye mwini kwa zaka zambiri sankafuna kuzitchula. Anakwatiwa, anabereka ana awiri, n'kupitiriza unamwino. Wolemba mbiri wina wa ku Britain, Martin King, ndiye anamufufuza n'kumupeza kunyumba yosungirako okalamba pafupi ndi Brussels. Mu 2011, ali ndi zaka 90, dziko la Belgium linamupatsa ulemu wa Order of the Crown, ndipo asilikali a America anamupatsanso mphoto yawo chaka chomwecho. Anamwalira mu Ogasiti 2015 ndipo anaikidwa ku Bastogne.